Bata la M'chimbale cha Mzime

Lolemba, 4 Ogasiti

Mzime wabwera ku ntchito kwanga lero. Sanabwere monga mwana wanga womaliza, koma monga woimba wodzapereka chimbale ku nkhokwe ya nyimbo ya wailesi, imene ndakhala ndikuisunga kuyambira iye asanabadwe. Ndinamuuza kuti aime pamzere. Pamzerepo panalibe munthu wina, komabe anaima, akumwetulira ngati mayi ake.

Fomu ndinampatsa yomwe ndimapatsa aliyense. Dzina la chimbale: Amene Sanagone. Wopeka nyimbo, iye. Woimba, iye. Wagitala, iye yemweyo. Pa kampani yojambula anangokhwatcha. Pa mtundu wa nyimbo anasiya posalemba, choncho ndinambwezera fomuyo. Anati palibe bokosi lomukwana. Ndinamuyankha kuti mabokosi amenewo akwana oimba otchuka kuposa iye. Analemba kuti "zofatsa, za gitala". Ndalandira, ngakhale kuti mtundu umenewo mulibe m'ndondomeko yathu.

Chiyambi cha nkhaniyi si ine, ndipo ndikufuna kuti zimenezi zilembedwe. Kadzidzi, muulutsi wa pulogalamu ya usiku, ndiye anamumva akuimba pamalo ena omwera tiyi, n'kumupempha kuti chimbale chonse chidzaulutsidwe Lachisanu la sabata yamawa, kuyambira poyamba mpaka pomaliza, popanda kudukiza. Sankadziwa kuti ndi mwana wanga. Atadziwa anaseka mpaka kugwira khoma. "A Kaundula, inu n'kubala munthu woimba?" Kaundula ndi dzina limene amanditcha kuntchito kuno.

Nsapato za mwanayu zatha kuchidendene. 

Lachiwiri, 5 Ogasiti

Lamulo langa ndi lakuti chilichonse cholowa m'nkhokwe ndiyambe ndachimvera ndekha. Choncho ndamvera monga wantchito, chitseko chotseka, cholembera m'manja.

Nyimbo iliyonse ndi zenera limodzi loyaka nyale pa nyumba yosanja imene yayang'anizana ndi chipinda chimene iye amachita lendi. Usiku umodzi wokha, kuyambira pamene misewu ikuzizira mpaka m'bandakucha. Telala amene akumaliza diresi lolonjezedwa mawa. Namwino wosita yunifolomu. Mayi woyendayenda ndi khanda paphewa. Bambo wina wokhala pafupi ndi foni imene sikulira. Pomaliza wophika buledi, amene amadzuka pamene ena onse agonja. Mawu ake ndi apansipansi, ngati a munthu woopa kudzutsa wa chipinda china. Zala zimamveka zikutsetsereka pa zingwe za gitala, sanazibise.

Pakati pa nyimbo ndi nyimbo pali bata lalitali. Poyamba ndinaganiza kuti waya wathothoka, ndipo ndinawerama pansi pa desiki kukaona. Nditakweza mawu ndinamva kuti batalo si lopanda kanthu: firiji ikung'ung'uza, galimoto ikudutsa patali, mpando ukulira pang'ono. Ndi nthawi imene diso limatenga kuchoka pa zenera lina kufika pa linzake.

Uyu ndi mwana amene anasiya maphunziro owerengera chuma ali pakati, ine n'kukhala miyezi ndikumuyankha ndi mutu wokha. Ndinkayembekezera chipwirikiti. Ndapeza dongosolo. Palibe nyimbo imene ingasinthane malo ndi inzake. Chilichonse chili pamene chiyenera kukhala.

Zimenezo sanazitenge kwa mayi ake.

Pa khadi ndalemba kuti: zomveka bwino, zoyenera kuulutsidwa. Khadi lilibe malo a mawu ena.

Lachinayi, 7 Ogasiti

Vuto. Injiniya ndiye waliona, ndipo ndikumuyamikira kuti waliona lero osati pa tsikulo.

M'chipinda cha makina muli kabokosi kamene tonse timakatchula kuti Mlonda. Ntchito yake ndi kutchera khutu ku zimene wailesi ikuulutsa. Mawu akatha kwa masekondi owerengeka, Mlonda amaganiza kuti situdiyo yafa, ndipo amalowetsa nyimbo yopulumutsira mpaka mawu atabwerera. Nyimboyo ndi ya malipenga ndi ng'oma zazikulu. Ndinaisankha ndine kalekale, mwadala, kuti izidzutsa injiniya wogona pantchito. Kwa Mlonda, firiji ya Mzime ndi galimoto yake yapatali si mawu. Ndiye kuti namwino akangomaliza kusita, malipenga. Khanda likangogona, malipenga.

Tinapita atatu kwa Mkulu wa mapulogalamu: ine, Injiniya ndi Kadzidzi. Mkuluyo ndi wamng'ono kwa mwana wanga woyamba, koma udindo ndi udindo. Ndinaima mpaka atandiuza kuti ndikhale. Kadzidzi anapempha kuti Mlonda azimitsidwe usiku umenewo wokha. Mkulu anakana. Anatikumbutsa tsiku limene anazimitsidwa n'kuiwalika, wailesi n'kukhala zii mpaka kucha, amalonda n'kubwera m'mawa nkhope zili gwaa. Ananena zoona, ine ndemwe ndinalemba lipoti la tsiku limenelo.

Chigamulo: batalo lidulidwe, apo ayi chimbale chisaulutsidwe. "Chetechete sautsa nyama, a Kaundula," anatero, n'kundipatsa ine ntchito yokauza mwini wake.

Lamulungu, 10 Ogasiti

Mzime wabwera kudzadya nafe masana. Ndinadikira mpaka mbale zitachoka patebulo, chifukwa nkhani za ntchito sizisakanizidwa ndi chakudya. Ndinafotokoza mwadongosolo: za Mlonda, za malipenga, za chigamulo cha Mkulu. Ndinawonjezera kuti Injiniya ali ndi dzanja labwino, ndipo womvera sangadziwe pamene padulidwa.

Sanakweze mawu. Anapinda kansalu kopukutira m'manja, n'kukapindanso. "Mukadula batalo, bambo, mazenera onse asanduka chipinda chimodzi." Anati kuli bwino chisamveke n'komwe kusiyana n'kumveka cholumala. Anandikumbutsa kuti ine ndemwe ndinakasuma muulutsi wina kwa akuluakulu chifukwa cholankhula pamwamba pa mathero a nyimbo, ndipo kuti nkhaniyo ndinaikamba patebulo lomweli sabata yathunthu. Ndinati zimenezo n'zina. Anafunsa kuti zikusiyana pati. Ndinati lamulo ndi lamulo.

Yankho losakwanira. Ndinalidziwa likutuluka m'kamwa.

Ananyamuka dzuwa likadalipo. Mayi ake anamuthamangira ndi kontena ya chakudya mpaka pageti. Pobwera anandiyang'ana nthawi yaitali, kenaka anafunsa khoma kuti kaya mwanayu kuuma mutu anatengera yani. Khoma silinayankhe. Inenso ayi.

Chimbale chimenechi wachipanga yekha, ndi malipiro a pa shopu yosindikiza mapepala pamene amagwira masana. Alibe kampani, alibe womuyankhulira. Wailesi zina sizingataye ola lathunthu pa munthu wosadziwika wonong'ona ndi gitala. Mwayi ndi uno wokha, ndipo waukankha ndi manja awiri. Ndakwiya naye. Ndikadamunyoza akanavomera.

Lachiwiri, 12 Ogasiti

Injiniya wabwera ndi kope lodulidwa. Palibe anamutuma, wachita mwa chifundo, pa nthawi yake yopuma. Ndamvera. Ntchito yaukhondo, palibe chipsera. Koma nyimbo zikukwerana ngati anthu m'basi yodzaza. Telala asanaike singano pansi, namwino walowa kale. Mwanayu ananena zoona.

Kadzidzi akuti ndingoliika m'makina, mwini wake asadziwe mpaka litamveka. Akuti adzakwiya sabata imodzi, koma dzina lake lidzakhala litatuluka, ndipo mwana sakwiyira bambo ake mpaka kalekale. Kadzidzi alibe mwana wamkazi.

Makope awiri pa desiki langa: loperekedwa ndi mwini wake, ndi lokonzedwa ndi ife. Wolowetsa m'makina ndine, palibenso wina. Chiyambire ntchito ino sindinaulutsitsepo chinthu chosinthidwa mwini wake asanavomere. Sindinapewenso chigamulo cha mkulu wanga. Mpaka lero malamulo awiriwa ankayenda njira imodzi.

Kupuma pantchito kuli pafupi. Failo langa ku ofesi ya antchito ndi loyera; mlembi wa kumeneko amati ndi lopyapyala kuposa onse. Denga la kukhitchini likudontha ndipo likudikira penshoni yomweyo.

Ndatsekera makope onse awiri m'dirowa.

Lachitatu, 13 Ogasiti

Ndaika khadi la kwaya m'bokosi la nyimbo zovina. Ndalipeza ndekha madzulo. Palibe waona.

Poweruka ndinadzera msewu wa ku shopu imene Mzime amagwirako ntchito, umene si njira yanga. Sindinalowe. Pagalasi la shopuyo anali atamatapo timapepala todziwitsa anthu tsiku ndi wailesi. Tosindikizidwa bwino, zilembo zoongoka, popanda cholakwika ngakhale chimodzi. Ndinampeza akutimatula. Mosafulumira, kamodzikamodzi, akuchotsanso zomatira ndi chikhadabo kuti galasi la abwana ake lisatsale ndi litsiro.

Sanandione. Ndinaima kuseri kwa galimoto yonyamula katundu ngati wakuba, ine munthu wa tayi.

Lachinayi, 14 Ogasiti

Wamva m'mimba ndiye atsekula chitseko.

Ganizo linandipeza ndikumeta ndevu. Mlonda sasankha chimene amalowetsa. Amaulutsa chimene chili m'thumba lake, ndipo woika nyimbo m'thumbamo ndine. Palibe pamene panalembedwa kuti ikhale ya malipenga. Ngati m'thumbamo muli bata, Mlonda adzadzidzimuka monga mwa ntchito yake, adzalowetsa batalo, ndipo gitala ikayambanso adzabwerera pamalo pake. Iye sanazimitsidwe. Chimbale sichinadulidwe.

Ndinapita kwa Injiniya ndi mafunso atatu, ngati munthu wongofuna kudziwa. Kodi Mlonda amamveranso chimene iye mwini akuulutsa? Ayi. Kodi amabwerera yekha mawu akamveka? Inde. Funso lachitatu sindinalimalize. Anavula magalasi, n'kundiuza kuti makutu ake akhala akumuvuta masiku ano ndipo sanamve chilichonse chimene ndanena. Kenaka anandichenjeza, akuyang'ana kudenga, kuti situdiyo ikafa zenizeni usiku umenewo wailesi idzakhala zii popanda wodzutsa munthu. Ndinamuuza kuti wodzutsa munthu adzakhalapo.

Batalo kulitenga kuti? Kulidula m'chimbale cha Mzime n'kosatheka. Kumeneko n'kudula komwe ndikukana. Choncho anthu ataweruka ndinabwereka maikolofoni, ndi kusainira, n'kuiimika pakati pa mashelefu a m'nkhokwe. Ndinakhala pampando kudikira kuti ijambule. Sindinkadziwa kuti kukhala chete ndi ntchito yolemetsa chotere. Bondo likufuna kulira, m'mimba mukufuna kuyankhula, kukhosi kukuyabwa. Ndinayambiranso kangapo. Pomaliza ndinapeza bata lokwanira, laudongo.

Ndinamuimbira foni mwanayo. Ndinamuuza kuti chimbale chipita monga anachiperekera, ndipo abwezeretse timapepala take pagalasi. Anafunsa kuti zatheka bwanji. Ndinati za mu ofesi sizikambidwa pafoni. Kenaka anati, "Zikomo, bambo," ndi mawu amene anali nawo ali wamng'ono.

Mkulu anandipeza pamasitepe n'kufunsa ngati nkhani ya bata ija yatheka. Ndinati yatheka. Sanafunse zambiri. Limenelo si bodza, koma ndi msuweni wake, ndipo ndikulemba pano kuti ndikudziwa.

Lachisanu, 15 Ogasiti

Madzulo. Malipenga ndachotsa, bata ndaika. Kusinthaku ndakulemba m'kaundula wa makina ndi dzanja langa, ndi kusaina dzina lonse. Ngati ndikulakwa, ndilakwe poyera.

Kope la Injiniya ndamubwezera ndi mawu othokoza. Mayi a kunyumba andiikira tiyi m'fulasiki ndi juzi m'chikwama. Sanafunse kanthu. Angonena kuti wailesi ya kukhitchini aigulira mabatire atsopano.

Suti yakuda.

Loweruka, 16 Ogasiti

Ndagona pang'ono. Ndilembe zisanazilale.

Ndinakhala m'chipinda cha makina pafupi ndi Mlonda, malipenga ali okonzeka pansi pa chala changa kuti situdiyo ikafa zenizeni ndiwalowetse ndekha. M'thumba la jekete kawailesi kakang'ono, kuti ndimve chimene anthu akumva kunja. Kupyola pagalasi ndinkamuona Kadzidzi. Analengeza dzina la chimbale ndi la woimba, n'kuuza omvera kuti akamva bata asagwedeze wailesi zawo. Kenaka anatseka maikolofoni yake.

Telala anayamba. Mawu a mwana wanga, amene ndinkawamva akuloweza matebulo a masamu pakhonde, akutuluka pa mlongoti kupita m'nyumba za anthu osawadziwa. Nyimbo inatha. Bata. Kanyale kofiira ka Mlonda kanayaka. Ndinakanikiza kawailesi kukhutu. Palibe lipenga. Bata lokhalokha, lopitirira ngati madzi. Gitala inalowa, kanyale kanazima, namwino anayamba kusita.

Zinatero mpaka kumapeto. Kanyale kuyaka, kuzima. Pa nyimbo ya bambo wodikira foni ndinaiwala kuyang'ana makina, ndikuvomereza. Kadzidzi, munthu amene sangathe kumeza malovu osayankhula, anakhala manja ali pachifuwa ola lonse. Wophika buledi atatsekula uvuni wake ndi chimbale n'kutha, anadikirabe asanatsekule pakamwa.

Kenaka mafoni. Namwino weniweni, ali pantchito, kufunsa kuti woimbayu anamuonera pati. Woyendetsa galimoto ya katundu amene anaima pambali pa msewu kuti injini isamusokoneze. Mayi wina amene anati poyamba anaganiza kuti wailesi yafa, ndipo kenaka anafuna kuti isadzuke. Wina anadandaula kuti nyimbozo n'zogonetsa. Kadzidzi anamuyankha kuti pa ola limenelo chimenecho si chitonzo.

Malipenga ndinawabwezera m'thumba la Mlonda ndisanachoke, n'kulembanso m'kaundula. Potuluka Kadzidzi anandigwira dzanja osalisiya. Anati pa mafoni onse aja sanaulule kuti bambo wa woimbayo ali kuseri kwa galasi. Ndinamuyamikira. Ndikanakonda akanaulula kamodzi.

Kunyumba ndinapeza makapu asanu osatsuka. Mayi ake anaitana anthu oyandikana nafe kudzamvera kukhitchini, ndipo akuti aliyense amene anayesa kutsokomola pa nthawi ya bata anamutulutsa panja.

Mwana wanga. Mwana wanga ndithu.

Lolemba, 18 Ogasiti

Mlonda amasunga mbiri ya kudzidzimuka kwake konse, ndipo mbiriyo imafika pa desiki la Mkulu Lolemba lililonse. Sindinadikire kuitanidwa. Ndinapita ndekha, kaundula m'khwapa, n'kumutsekulira tsamba lake.

Anawerenga. Anafunsa ngati Injiniya ankadziwa. Ndinati Injiniya ali ndi vuto la makutu. Anafunsa chimene chikanachitika situdiyo ikanafa ine n'kugwidwa ndi tulo. Ndinati wailesi ikanakhala zii, ndipo mlandu ukanakhala wanga. Anati chimene chamupweteka si Mlonda ayi, koma yankho lija la pamasitepe, chifukwa m'nyumba yonse ino munthu mmodzi yekha amene sankamufunsa kawiri ndine.  Mnyamatayu adzakhala mkulu wabwino.

Kalata ya chenjezo, yoyamba m'moyo wanga. Thumba la Mlonda lachoka m'manja mwanga. Lapita kwa Injiniya. Penshoni sikhudzidwa, atero. Chilangocho n'choyenera, ndipo ndikanakhala pampando wake ndikanapereka chomwecho, mwinanso choposa.

Mlembi wa ku ofesi ya antchito anandiyang'ana ngati waona mbusa m'bala. Ndinasaina.

Lachiwiri, 19 Ogasiti

Mzime wabwera madzulo, osadziwitsa. Anakana tiyi. Anakhala pampando woyang'anizana ndi wanga, chikwama pamiyendo, monga amakhalira anthu odzadandaula ku ofesi.

Akuti anamvera pulogalamu yonse ndi mahedifoni, ali m'chipinda chake. Akuti bata lililonse linkayamba lili lake, kenaka firiji yake n'kuzimirira, n'kulowa chipinda china chachikulu, chouma, chimene iye sanajambulepo. "Ndipo munali munthu m'menemo, bambo. Wopuma ndi mphuno, akuyesetsa kuti asamveke."

Ndinafotokoza zonse mwadongosolo, mpaka kalata ya dzulo. Ndinaganiza kuti kalatayo imufewetsa. Sinamufewetse. Anati sindinadule kanthu, zoona, koma ndinaikamo chinthu m'ntchito yake osamufunsa, ndipo kuika ndi kudula ndi ana a mimba imodzi. Anati ndisadzachitenso. Mayi ake anatsekula pakamwa kuti amudzudzule. Ndinawaletsa ndi dzanja. Mawu amenewo ndi omwe ndikananena ine. Ndinapepesa. Kupepesa kwa mwana wako ndiwe bambo kuli ngati kumeza mwala, koma ndinameza.

Anayang'ana zala zake. Kenaka anafunsa ngati chojambulacho ndikadali nacho. Ndinati chili m'dirowa, chopanda nambala, chifukwa sindikudziwa bokosi lake. Anati ndisachitaye, koma sichikwanira. Chipinda chija n'chouma kwambiri ndipo ndinakhala kutali ndi maikolofoni. Wayamba kale nyimbo zina, ndipo pali imodzi imene bata lake lakhala likumukanika chifukwa limamveka lopanda munthu. Akufuna ndipite kwake Loweruka ndikakhale pampando. Osayankhula, osaimba. Kungokhala.

Ndinamuuza kuti ndiona ngati nthawi ilipo. Anati ndifike ndisanadye kwambiri, chifukwa m'mimba mwanga munamvekanso.

Ndayesa zovala mayi ake atagona. Suti yakuda imachita phokoso ndikapuma. Jekete lotuwa limalira m'mapewa. Shati yoyera ndi yabwino koma kolala yake ikakhudza khosi imamveka, ndiye mwina ndikavula tayi, ngakhale sindinayambe ndapitapo kwa munthu ndili wopanda tayi.